Azakhali Aimitsa Malonda a Gombe la Agogo

Achimwene,

Timuwoneni! Ndikhulupirira kuzizira kwa ku Joni sikunakumalizeni. Kuno ku Kande tili bwino, ndipo mwendo wa amayi wasiya kutupa.

Nkhani ndi ya gombe la agogo lija. Mlandu wogawana malowo usanathe, abambo aang'ono anapeza kale munthu wofuna kumangapo loji. Anathamangitsa azimayi oviika chinangwa, n'kugwetsa matandala oyanikapo usipa, ati gombe lioneke laulemu. Ine ndi digiri yangayi ndinkangodandaula m'Chingerezi. Azakhali aNyaChirwa anakwera minibasi ya ku Mzuzu, anapeza loya, n'kubwerako ndi chiletso cha khoti: malo asagulitsidwe, zonse zikhale mmene zinalili mpaka mlandu utagamulidwa.

Pepalalo sanalibise m'sutikesi ayi. M'mawa mwake anaitana azimayi onse, chinangwa chinabwerera m'madzi, matandala anadzuka. Tsiku limene wogula uja anafika pagalimoto, anapeza chinangwa chovuula chili mbwee pamiyala. Fungo lake mukulidziwa.

"Alongo, mukundichititsa manyazi pamaso pa alendo!" anakalipa abambo aang'ono.

"Manyazi ati? Kondowole wadzulo munadya mpaka kunyambita zala. Mumayesa amachokera ku loji?"

Wogulayo anawerenga chiletso mpango uli pamphuno, n'kutembenuza galimoto.

Komatu chiletsochi n'chongoyembekezera, mlandu weniweni ukubwera. Loya akufuna kalata yanu yolumbira yonena kuti nanunso muli ndi gawo. Tumizani msanga, musachite zija zolonjeza kubwera pa Khirisimasi. Azakhali muwagulireko nsapato, zawo zathera m'njira ya kukhoti.

Mulungu akusungeni kumeneko.

Ndine mng'ono wanu,
Kondwani