Mwayi Akukuopani, Ababa

Malemu Lackson Namakhwa, 1957 – 2018

Ababa, zakwana zaka zisanu ndi ziwiri chitisiyireni, koma pa TV mudakalipobe ndi ndevu zomata zija, mukulanda mbuzi za mayi wamasiye.

Zaka zonse zomwe munachita zisudzo sanakupatseniko malo a munthu wabwino. Mukapanda kukhala malume olanda chuma, munkakhala landilodi wozula zitseko kapena sing'anga wabodza, ndipo dzina lanu linkatuluka kumapeto, anthu atadzuka kale pamipando. Tisabise, nsidze zanu zija zinkaopsa. Koma ife ana anu tikudziwa kuti nkhuku simunkatha kuzinga. Munkaipereka kwa amayi n'kuzembera kuseri kwa nyumba. Mawu a sewero munkaloweza kumunda wa mpunga uku mukukalipira mbalame, ndipo mbalamezo zinkangopitiriza kudya.

Tsiku lomwe amayi ena a pamsika wa Malosa anakana kukugulitsani tomato, ati ndinu ozunza amasiye, munabwera ndi jumbo yopanda kanthu mukuseka mpaka misozi. Munatiuza kuti anthu akadana nawe chifukwa cha sewero ndiye kuti ntchito waigwira bwino. Ifenso tinaseka nanu. Sitinkadziwa kuti nkhaniyi idzalowa m'nyumba mwathu momwe.

Mwana wanu Jenifa anabereka mwana wamkazi mutangopita kumene, dzina lake Mwayi. Pano ali pasukulu ku Domasi Mission. Anzake anapita naye koonera kanema pa Naisi, n'kumulozera kuti agogo ake ndi omwe akukwapula mwana wamasiyewo. Atafika kunyumba, chithunzi chanu cha pabalaza anachitembenuzira kukhoma. Tamufotokozera kuti zinali zongoyerekeza, kuti ndodo ija inali phesi la chimanga, koma iye akuti anaona yekha ndi maso ake. Mwana wanu Kingsley wapekula madisiki onse, wafunsa anzanu a zisudzo ku Zomba ndi ku Blantyre, kuti tipezeko ngakhale kachigawo kamodzi komwe mukuseka monga munkasekera pakhonde. Palibe. Aliyense anasunga ukali wanu basi.

Akazi anu, a Ennie, akalamba tsopano. TV ikamakuonetsani amasendeza mpando pafupi, ati bola kumva mawu anu ngakhale mukutukwana. Mwayi amatuluka panja n'kukadikira kuti sewerolo lithe. Zimenezi zimatipweteka kuposa tsiku la maliro. Tikuopa, Ababa. Tikadzapita ife amene tinakudziwani, mdzukulu wanuyu adzatsala ndi malume oipa aja, ndipo ndi omwewo amene adzawafotokozere ana ake.

Ife amayi, Jenifa ndi Kingsley sitidzakuiwalani, ndipo sitisiya kumuuza za inu mpaka tsiku lomwe adzakutchuleni kuti agogo.