Mwala wa chipatala m'munda mwanu

Amayi anga, kaya mukudzuka bwanji kumene muliko? Ife kuno ku Mkanda tilipo.

Mdzukulu wanu Malita, uja munamusiya ali pasukulu, ali ndi mwana wamkazi, ndipo mphuno ndi yanu yeniyeni. Mtedza wachita bwino, chimanga ndiye ayi, feteleza tinathira mochedwa. Denga la khitchini yanu linagwa ndi mvula. Bambo a Malita akuti alikonza akamaliza kusankha fodya, koma mkamwini wanu mukumudziwa.

Chimene chandigwiritsa cholembera ndi munda wanu.

Mukukumbukira pa chisankho choyamba cha matipate, kunabwera bwana wofuna uphungu n'kulonjeza chipatala. Inu munapereka kachigawo ka kumsewu, iwo n'kuika mwala wa simenti wokhala ndi chitsulo cholembedwa, patsinde pa muwanga. Chipatalacho sichinamangidwe, ndipo inu munatsirizikira pangolo tikuthamangira nanu ku Boma. Titakuikani, ine ndi bambo a Malita tinapita kukagwira utenanti kuesiteti, munda n'kumusiyira mwana wanu Lameki. Kumeneko ndinangomva kuti pa chisankho chachiwiri kwabwera bwana wina ndipo waikanso mwala. Tinabwerera kumudzi chaka chatha, ndipo chaka chino wabwera wachitatu.

Alongo anu, malume a Fabiano, ali ndi nzeru yawo pa zimenezi. Chisiyireni ntchito yophika ku Kachebere, kumene ankamvera maphunziro a ansembe pazenera, amangoganiza za boma. Tsiku lina ndikuswa mtedza anandiuza kuti, "Esinati, dziko lino lili ndi zaka zisanu zokha. Zikatha amalibweza poyambira. Lili ngati njinga yoimika pa sitandi. Upalase mpaka thukuta, gudumu lizungulira ndithu, koma ukatsika uli pakhomo pomwe paja."

Akuti m'dziko lotere muli anthu amitundu itatu. Olamula ndi amene amakumbukira kuti tsikuli linachitikapo kale. Olamulidwa ndife oiwala. Pakati pali oiwalitsa, ogawa mchere ndi nsalu za chipani. Pamsika anthu amawaseka kuti mutu unapsa ndi utsi wa kukhitchini. Inenso ndinaseka, koma ndinakumbukira kuti inu munkati galu wamkota sakandira pachabe.

Ananditenga kukaona mwala watsopanowo. Anandionetsa ngodya yobenthuka, ija inagundidwa ndi ngolo inu mulipo. Unali womwe uja, angoupaka penti. Malume anakondwa kwambiri.

"Waona? Tsiku lomwe lija labweranso."

Koma ine ndinaona china, Amayi. Muwanga unali kutali kumbuyo. Mwala unali utadutsa pamene munkadzala nzama, utadutsanso chulu, ndipo tsopano unali pakati pa munda. Kumbuyo kwake konse kunali ziputu za fodya. Lameki anali atandiuza kale kuti kumtundako ndi malo a chipatala, a komiti ya chitukuko akungolimako podikira, ine n'kuvomera osakayendera malire. Ndinawauza malume kuti njinga yawoyo siili pa sitandi, ikuyenda, ndipo ikuyenda m'munda mwathu.

Lameki masiku ano ali ndi njinga yatsopano ndi malaya a chipani. Ndiye amagawa mchere m'mudzi muno, ndipo kwa ine anabweretsa mapaketi awiri ndisanapemphe. Inu munkati munthu akakupatsa mchere usanapemphe, kayang'ane kukhola. Ndinamuitana ndi kumufunsa kuti mwala anasuntha ndani.

"Achemwali, mwala uli pomwe unali," anatero akuyang'ana tcheni cha njinga.

"Nanga muwanga ndi umene wayenda?"

"Chitukuko chimafuna malo. Musandichititse manyazi pamaso pa akuluakulu."

Tsiku la mwambo wovundukula mwalawo linafika. Amayi a m'mudzi anavina, mwala ataufunditsa nsalu. Bwana wachitatu uja analankhula mawu omwe aja munawamva inu, akuti palibenso mayi adzafere panjira. Apo ine ndinaimirira. Ndinati ndine mwana wa mayi amene anapereka malowa, amene anafera panjirayo, ndipo ndikufuna anthu anene pamene mwala unali poyamba.

Anthu amene anavina pa mwambo woyamba uja anayang'ana pansi, ena nsalu zatsopano zili m'chiuno. Ndinaganiza kuti malume akunena zoona, taiwalitsidwa tonse. Kenaka mnzanu wa kudambo, a Nabanda, anadzuka ndi ndodo yawo.

"Unali pamuwanga. Ndinakhalapo ine ndi malemu tikudya nzimbe."

Apo ndiye ena anayamba kung'ung'udza kuti eya, pamuwanga. Bwana anaseka, akuti oyeza malo analakwitsa, n'kulamula anyamata aubweze. Anaunyamula anayi, mmodzi mwa iwo Lameki. Sanandiyang'ane. A Mbewe, wapampando wa komiti, amene fodya uja ndi wawo, anaomba m'manja kuposa aliyense, ndipo kuomba kumeneko ndi kumene sikunandisangalatse.

Chisankho chinapita, bwanayo anapambana, kuno sanaonekenso. Sabata yatha ndikukazula ziputu za fodya zija ndinapeza zikhomo zinayi zopaka penti yofiira, zokhomedwa kuseri kwa chulu. A Mbewe akuti sakuzidziwa. Lameki akutinso sakuzidziwa, koma m'zikhadabo mwake munali zofiira, iye akuti ndi penti ya njinga. Njingayo ndi yakuda. Ndi mwana wanu, Amayi, ndinamubereka kumbuyo ine, ndipo sindikufuna kumutengera kubwalo. Ndinazula zikhomozo n'kukamusiyira pakhomo. M'mawa mwake ndinamva kuti mkazi wake wazisonkhezera pamoto.

Malume akuti ndisadzivute, pakatha zaka zisanu zonsezi zidzachitikanso. Mwina. Koma ndawapempha kuti mvula ikayamba adzandiloze malire enieni monga mwini mbumba, a Nabanda ali pomwepo, Lameki atagwira khasu. Tidzadzala khonje kuyambira pamuwanga mpaka kudambo. Kachigawo kamene munapereka ndi manja anu sindidzakakhudza, kadikire chipatala chake. Kotsalako, ndikukulonjezani, palibe adzadyeko ngakhale mzere umodzi ine ndili moyo.

Ndakusowani kwambiri. Gonani bwino.

Ndine mwana wanu wokukondani,
Esinati