Akufuna Ndigwenso

Lolemba, 3 Malichi

Basi, sewero lathu la pa wailesi latha. Zaka 19 ndikusewera apongozi ovuta, lero abwana atiuza tili chiimire pakhonde. Akuti anthu sakumveranso wailesi, aliyense maso ali pa foni. Tsopano akufuna timavidiyo ta mphindi imodzi. A Ndevu, amuna anga a m'sewero zaka zonsezi, anangovula chipewa n'kumayang'ana m'kati mwake.

Lachiwiri, 4 Malichi

Ndadzuka, ndasamba, ndavala, kenako ndakumbuka kuti kulibe kopita. Ndakhala pabedi nsapato zili kuphazi.

Lachinayi, 6 Malichi

Ndinapita kukayesa za mavidiyozo. Mu situdiyo muja adzazamo nyale zothobwa m'maso. Wojambula ndi mayi wa phuma. Akuti, "Amayi, mawu muli nawo, koma nkhope ikugona. Kalipani msanga, anthu sadikira." Ine mkwiyo ndimauphika pang'onopang'ono, womvera ayambe wamva mpweya wanga mawu asanatuluke. Pano ndani ali ndi nthawi imeneyo?

Ulendo wachisanu ndinadzuka mwaukali, mwendo wa mpando thyo! Ine chagada, miyendo m'mwamba. Onse kufa nazo nseko. Chiuno chikuwawa mpaka pano.

Loweruka, 8 Malichi

Kugwa kuja akuika pa intaneti, osandifunsa n'komwe. Mwana wanga waimba foni, anzake a kuntchito amuonetsa. "Amayi, zoona ndi inu?"

Kumsika wogulitsa tomato wandizindikira. Zaka zonsezi ndinkadutsa pa benchi yake osadziwa kuti ndine ndani, lero wakuwa, "Si awa agogo ogwa aja!" Ndabwerako dengu lili lopanda kanthu.

Lamlungu, 9 Malichi

A Ndevu abwera masana. Iwo sanaitanidwe, akuti imvi sizikoka anthu. Anatenga gawo lomwe sitinajambule, lija apongozi amapepesa mkazi wa mwana wawo. Taliwerenga awiriwiri pakhonde, iwo okha akusewera anthu atatu. Mawu anga ananjenjemera pamene amayenera kunjenjemera. Womva panalibe.

Potsanzika anati, "Akakuitananinso musapite, mayi." Ndinalonjeza.

Lachitatu, 12 Malichi

Wojambula anaimba m'mawa. Akuti vidiyo ya kugwa ija aonera anthu ambirimbiri, akufuna ina. Ndinafunsa ngati pali mawu oti ndiloweze. "Mawu safunika, amayi."

Ntchito ina ndikuidziwa iti pa msinkhu uno?

Ndapita. A Ndevu sindinawauze. Ndapeza mpando aucheka kale mwendo, pansi ayala kamatiresi kopyapyala. Ndagwa kanayi. Kachinayiko palibe anaseka, onse anaunjikana pa kamera kuona ngati zatuluka bwino, ine ndili pansi. Ndadzuka ndekha.

Akuti Lachisanu ndibwere ndi diresi lowala. Tikajambulira pa masitepe.