Thalauza Yokwerera Hatchi

Kaduya,
Phalombe.
9 Juni 2024

Okondedwa achimwene a Wyson,

Ndikhulupirira mwadzuka bwino ku Joniko. Kuno tilipo, nandolo wayamba maluwa.

Chikwama chimene munapatsira a Stafford chafika. Bulangete ndapereka kwa amayi, koma zovala zanu zokwerera hatchi zandiimitsa makina tsiku lathunthu. Ndinayamba kusoka ndili mtsikana, koma thalauza yotere sindinaionepo. Mkati mwa mwendo mulibe msoko, anaupititsa kunja kuti usamakupaleni ntchafu. Zigamba za m'mawondozo ndinayamba ndaziseka, ndimati umphawi wawalondola achimwene mpaka ku Joni. A Stafford ndiwo anandiuza kuti amazisokerera dala thalauza ikadali yatsopano, kuti bondo lizigwira pachishalo. Akuti ngakhale chidendene cha jombo chili ndi ntchito, chimaletsa phazi kulowerera m'chitsulo chopondapo. Ndinagwira pakamwa. Kani kuli anthu amene anakhala pansi n'kuliganizira thupi la munthu mpaka kuphazi. Ndipo wovala zake ndinu, amene munkathawa tonde wa a Sitima.

Mwati ndisoke mwendo wakumanzere chifukwa unakodwa pawaya. Achimwene, waya amang'amba mokhotakhota. Apa padutsa sizasi, kuyambira mukakolo mpaka m'chiuno, monga anamwino anadulira thalauza ya malemu bambo tsiku la ngozi lija. Ndinapisanso dzanja m'chipewa cholimba chimene mwati alamu anu a Elton azivala panjinga. Kunja chikuwala, koma mkati mwaphwanyika mbali imodzi. Ndinakhala nacho pamiyendo nthawi yaitali ndikuthokoza amene anachipanga, chifukwa chimene chikanaphwanyika pamenepo ndi mutu wanu. Nditawafunsa a Stafford anangoti, "Mlongo, ine anangondipatsira chikwama basi," maso ali kuphiri la Michesi.

Ndili ndi mantha, komanso ndakwiya nanu. Amayi sindinawauze. Akuonetsa chipewacho aliyense wodutsa, ati mwana wawo amakwera nyama yaitali kuposa chitseko.

Thalauzayo ndisoka, ngakhale msoko wanga sungafanane ndi wa eni ake. Koma siituluka m'nyumba muno mpaka mutaimba foni ya vidiyo, ndikuoneni mukuyenda ndi miyendo yanu kuchoka pakhomo kukafika kumsewu.

Amayi akupereka moni, ati muzidya mokwanira. A Elton nawonso akuti moni. Wanga ndausunga kaye, ndidzakupatsani ndikadzakuonani mutaimirira.

Ndine mlongo wanu,
Eneless