Za Gasi Amene Mwafunsa

Satwa, Dubai
14 Ogasiti 2021

Asuweni a Jasten,

Ndikhulupirira muli bwino ku Scotland kumeneko, pamodzi ndi alamu ndi ana. Uthenga wanu ndaulandira, woyamba m'zaka ziwiri. Mukuti makina amagetsi otenthetsera m'nyumba akuvuta, mukufuna kuika a gasi, ndiye mwakumbukira kuti ku Dubai muli ndi m'bale wokonza makina oziziritsira m'nyumba. Zikomo pondikumbukira.

Kuno sititenthetsa nyumba, dzuwa limatiotcha lokha, komabe ndikuyankhani. Makina anuwo mwina akungofuna kutsukidwa. Koma mukaumirira gasi, itanani mmisiri wa mapepala ake, osati mnzanu wa kutchalitchi. Paipi ya utsi itulukire kunja, ndipo muike kachipangizo kolira mpweya ukaipa m'nyumba. Chimenechi musachinyozere. Ine ndinaona mmene munthu wosowa mpweya amavutikira, ndipo ndinaonera pafoni, chifukwa kuchipatala sankatilola kulowa.

Za mkazi wanga Everlyn simunafunse, chonsecho amalume anakuuzani mu Febuluwale kuti matenda a korona amugwira. Sutikesi yake ndinaitumiza kwa amayi ake ku Ntcheu. Mukadzafuna kumva zinazo, nambala yanga ndi yomweyi mwafunsirapo za gasiyi.

Ine msuweni wanu,
Lameck