Makina Abwera ndi Mimba

Achemwali,

Muli bwanji kumeneko? Miyendo ija yasiya kutupa, kapena abwana anu akukuimikanibe tsiku lonse? Kuno tilipo. Mlamu wanu chifuwa chamuleka, ana akudya ngati dzombe. Anu awiri ndinawaona Lachitatu kwa azakhali awo, ali bwino, kungoti wamng'onoyo nsapato zamuthina.

Ndalemba kalata dala. Pafoni inu mumayamba kulira, ine n'kuyamba kukalipa, ndiye sitimvana. Komanso masiku ano foni sindiikhulupirira. Sukulu sindinapite nayo patali, mukudziwa, choncho musayembekezere mawu okutira.

Makina anga owotcherera zitsulo abwera. Atha miyezi inayi kupolisi, chiwatengereni tsiku lija anamanga alamu, bambo a ana anu, pa mlandu woba njinga yamoto. Ati ndi umboni, poti anawapeza kuseri kwa nyumba yanu, chikhalirecho ine ndinangowabwereketsa kuti amuna anu akonze geti. Miyezi inayi mmisiri wathunthu kumangomata zidebe!

Kuwatulutsa sikunali masewera. Kupolisi anati nkhani ili kukhoti. Kukhoti kalaliki anati woimira boma pa mlandu ayambe wavomera. Woimira bomayo anati ndibweretse lisiti. Ndinamufunsa ngati iye amasunga lisiti la buluku lomwe wavala, ndiye anati ndikapitiriza pakamwa pangapo ndikagona pafupi ndi makinawo. Mwamwayi lisiti linapezeka m'Baibulo la mlamu wanu. Woweruza analamula kuti awajambule zithunzi n'kundibwezera makinawo, koma ndisawagulitse, ndipo tsiku lomwe khoti liwafune ndiwabweretse momwe alili. Ndinasaina.

Chipinda chosungira umboni musachione. Njinga zopanda matayala, zikwanje zomangidwa timapepala, matiresi onunkha mkodzo wa makoswe. Wapolisi wosunga makiyi anandiwerengera nambala ya makina, nane ndinawerenga ndekha kawiri. Anaseka, ati ena amangonyamula n'kuthawa. Potuluka anandiyang'ana nthawi yaitali, ndipo kuyang'ana kumeneko sikunandichoke m'mutu.

Tsopano mvetserani. Makina okhalitsa m'fumbi sungangowalumikiza kumagetsi. Umayamba watsegula, n'kupemerera fumbi, n'kuona ngati makoswe sanadye mawaya. Chivundikiro chake chili ndi mabawuti anayi. Limodzi ndi lalitali, ndinachita kutola, ndipo limakwana pakona yakumbuyo pokha. Ndinalipeza kutsogolo, lolowa theka. Ine sindingamange choncho ngakhale nditaledzera.

Nditatsegula, pansi pa mawaya panali kansalu. M'kansalumo munali chitsulo cha nambala ya njinga yamoto, chopindidwa pakati, ndi kiyi. Nambala yake ndi yomwe ija kalaliki amawerenga mlandu ukamalowa. Njinga yomwe alamu analumbira pamaso panga kuti sanaionepo chibadwire.

Poyamba ndinati ndi msampha wa apolisi. Ndinatseka chitseko cha shedi n'kumasuzumira pabowo la lata, kudikira kuti atulukire. Ngakhale mayi wogulitsa nthochi kutsidya kwa msewu ndinamuona ngati kazitape. Sipanabwere munthu. Kenaka ndinaliyang'anitsitsa bawuti lija. Pomwe sipanala inakanda panali patagwira kale dzimbiri, ndipo silinali dzimbiri la sabata ino. Kansaluko n'kamaluwa achikasu, nsalu ya katani yakuchipinda kwanu, ija munasoka nokha musananyamuke ulendo wakuntchitowu. Wapolisi akanaitenga kuti?

Za alamu ndathana nazo mumtima. Chomwe chikundidya ndi inu.

Ndinu munkandiimbira sabata iliyonse kufunsa za makina, za mlandu ayi. Ndinu munandipezera loya wolemba pempho lakukhoti. Ine ndinkati ndi chifundo cha pachibale. Koma mwezi watha munandifunsa ngati apolisi amatsegula katundu wa umboni m'kati. Lamlungu munati makina akatuluka ndisawagwire, ndikawasiye kwanu tsiku limodzi lokha, ati mchimwene wa alamu awapukute. Munthu wosadziwa ngakhale kogwira sipanala apukuta chiyani? Wabwera kale kawiri kudzawafunsa, maso ali pashelefu, moni akupereka kwa khoma. Ndamuuza kuti akabwera kachitatu ndimuwotcherera pageti.

Ndikufunsani mosazungulira. Munkadziwa? Alamu anakuuzani, inu n'kuona kuti ndi bwino mlongo wanu asaine dzina lake, asenze yekha zinthuzi kudutsa nazo pageti la polisi? Akanandiimitsa pamenepo n'kutsegula, bwenzi lero ndikulimbirana bulangete ndi amuna anu. Ana anga mukanawadyetsa inu?

Mlamu wanu akuti ndikaziponye m'chimbudzi, nkhani ithe. Sindibisa, ndinaimadi pakhomo pa chimbudzi nazo m'manja. Koma mwini njinga ndimamuona kukhoti, bambo wa imvi yemwe ankadyera kunyamula anthu. Amakhala pabenchi yakumapeto, chipewa chili pabondo, kudikira katundu wake monga ndinkadikirira wanga. Wanga wabwera, wake ayi. Komanso ndani akudziwa ngati wosunga makiyi uja sanatsegule kale n'kubwezera momwemo, kuti aone chomwe ndichite?

Mlandu ukulowanso pa 14 mwezi uno. Tsiku limenelo ndinyamula makina, kansalu, chitsulo ndi kiyi, ndikapereke pamaso pa woweruza anthu akuona, osati m'kachipinda ka wapolisi. Za alamu ndikanena zonse, mundide mundikonde. Koma woweruza adzandifunsanso amene ankandifulumiza kutulutsa makinawo, ndi chifukwa chake. Pamenepo mpomwe lilime langa likulemera, chifukwa munandibereka kumsana ndinu, ndipo ana anu sangakhale bambo m'ndende, mayi wothawathawa.

Ndiyankheni lisanafike tsikulo. Lembani ndi dzanja lanu, mupatse dalaivala yemwe wabweretsa kalatayi, osatuma munthu wina. Ngati simunkadziwa, nenani, ndipepesa mogwada, ana anu ndiwasunga ngati anga mpaka mudzabwere. Ngati munkadziwa, nenaninso. Ndikalipa, mwina ndiswa mbale, koma ndikalowa m'khotimo ndikudziwa pomwe ndaponda. Mukangokhala chete, ndidzamva yankho, ndipo woweruza akadzandifunsa ndidzamuuza zomwe ndakuuzanizi, mawu ndi mawu.

Mupereke moni kwa asuweni omwe mukukhala nawo, koma kalatayi asaione. Mulungu akusungeni, akupatseni mphamvu m'miyendo ndi chilungamo m'dzanja lolembera.

Ine mlongo wanu,
Wowotcherera