Tebulo Likubwera Kumanja

Okondedwa Achimwene,

Ndikhulupirira msana uja ukupezako bwino. Kuno tilipo, alamu anu akupereka moni. Denga la kukhitchini likudonthabe, koma tinaikapo beseni.

Makina anu a kuntchito odulira zitsulo aja ali bwinobwino. Magetsi akumazimazima, koma zimene munaika m'kompyuta yake sizifufutika. Makinawo akayaka amachita monga munawaphunzitsira: akamaliza kudula, tebulo lake loikapo chitsulo limabwera kumanzere, poti inu ndinu amanzere, ndipo nyale ya mkati imatsala yoyaka kuti muone bwino chitsulocho. Anzathu amaseka kuti makinawa ndi okhulupirika kuposa ife.

Lolemba abwana anandiitana. Anati, “Ulowe m'kompyutamo, usinthe kuti tebulo lizibwera kumanja.” Ndinawauza kuti inu mukabwera zidzakuvutani. Iwo anangoyang'ana pawindo, n'kunena kuti maoda achuluka. Pa msomali wanu paja masiku ano pakumakhala ovolosi ina, yaikulu kuposa yanu.

Ndinasintha, Achimwene. Ndi kanambala kamodzi kokha, ziro kukhala wani. Kenako ndinazimitsa makina n'kuyatsanso, mumtima ndikuti mwina abwerera mwakale. Sanabwerere. Ndaona kuti makinawa amasunga mawu a amene wawauza komaliza, safunsa kuti woyamba uja ali kuti.

Musathamangire kunyamuka. Yambani mwachira, zinazo tidzakamba pamaso.

Za nyale ija abwana sananene kanthu, ndiye sindinaikhudze. Ikuyakabe.

Ndine mng'ono wanu,
wa pa makina oyandikana ndi anu.